Mtengo umene Che Bakali anazula

Dzulo tinadya sadaka ya Che Bakali ku Boitekong. Masiku makumi anayi akwana chiwaikireni m'manda. Ine ndine Mkhristu, Mngoni wa ku Ntcheu, koma anandikhazika pamkeka wa kutsogolo pafupi ndi ashehe, chifukwa aliyense akudziwa kuti pa Joni pano palibe amene anadya mbale imodzi ndi malemuwo zaka zambiri kuposa ine. Mpunga unali wa m'sitolo, nyemba za m'sitolo, tsabola yemwe wa m'botolo. Ndinangolawa. Pa sadaka ya munthu amene ankadyetsa Amalawi a kuno nandolo ndi nkhwani za m'munda, panalibe ngakhale kanjere kamodzi kochokera m'dothi limene iwo analima.

Ndiye telala wina wa ku Mangochi anaimirira kuti ayankhule. Anati malemuwa anali munthu wofatsa, sanakanganepo ndi munthu, ndipo apita monga anabwerera, osasiya kanthu. Anthu anavomera. Ine ndinatsokomola mwamphamvu mpaka ashehe anacheuka. Sanakanganepo ndi munthu? Nanga ine ndine chiyani, chitsa? Tinakangana zaka zambirimbiri, ndipo mkangano wathu waukulu unali wa mtengo umodzi.

N'chifukwa chake ndagula kope ili. Sukulu ndinalekeza Sitandade 2, ndipo cholembera chimandilemera kuposa chitsulo chimene ndinkaboolera mwala pansi pa mgodi, koma ndilemba ndithu. Amene anandimvapo ndikuyankhula amadziwa kuti ine chimkuzamawu sindichifuna. Papepala sindingakuwe, koma inu muziwerenga ngati ndikukuwa.

Che Bakali anali aafupi, owonda ngati mpini wa khasu. Kwawo kunali ku Mangochi koma chakumapiri. Nsomba ankaidziwa ya m'mbale basi. Kachisoti kawo koyera kankachapidwa Lachinayi kuti kaoneke bwino popita ku mzikiti Lachisanu, koma pofika Lolemba kanali katadanso ndi fumbi. Kuphazi ankavala majombo a ku mgodi odula m'mwamba. Makasu a m'sitolo za kuno, a mpini wautali aja, ankati ndi a anthu oopa kuwerama, ndiye mpini wawo ankasema okha, waufupi, wa kwathu. Mawu awo anali apansipansi, ngati akuwasungira mawa. Tikamagwirizana ankanditchula a Ngozo. Ndikayamba kukweza mawu ankati Mngoni wayamba kuitana ng'ombe zomwe alibe. Akapsa mtima kwenikweni ankanditchula mampara, mawu a pansi pa mgodi otanthauza chitsiru, koma zimenezi zinachitika kamodzi kokha, ndipo ndifikapo.

Anali ndi chizolowezi china. M'mawa uliwonse popita kumunda, tikangodutsa nyumba yomaliza ya m'mudzi, ankasiya kuyankha. Ine ndikulongolola, iwo milomo ikungogwedezeka, maso pansi, mpaka kufika m'mphepete mwa munda. Ndinkati akupemphera. Munthu wopemphera sumusokoneza, ndiye ndinkangopitiriza kuyankhula ndekha.

Tinadziwana ku shafuti ya mgodi, ine ndikuboola mwala, iwo akupakira. Mgodi utatilavula tonse awiri, kumudzi sitinabwerere. Musandifunse chifukwa, mtchona aliyense ali ndi chifukwa chake ndipo sachinena pagulu. Tinapeza tizipinda ta kuseri kwa nyumba za eni ku Chaneng, iwo msewu uwu, ine msewu winawo, n'kumadalira maganyu.

Kuseri kwa mudziwo, njira yopita kukaphiri ka miyala yakuda, kunali minda ya eni dziko. Yambiri inali itagonera, chifukwa ana awo anali atalowa m'migodi. Dothi lake ndi lakuda, lomata, loti mvula ikagwa limakuvula nsapato, ndipo chilimwe limang'ambika ming'alu yolowa phazi lathunthu. Umodzi mwa minda imeneyo unali wa mayi wamasiye wa Chitswana, MmaTshepo, ndiye kuti make Tshepo. Che Bakali anawakonzerapo khola la nkhuku, ndipo ndi pomwe anamva za mundawo. Tsiku lina anavala mkanjo wa Lachisanu, nagwira tambala m'khwapa, nanditenga ine ngati mboni. Titafika anavula majombo n'kukhala pansi pakhomo.

Mayiwo atamva chimene tadzera anaseka mpaka kugwira chitseko. Che Bakali ankawatchula Rra, ndiye kuti bambo.

"Rra, mwandibweretsera nkhuku chifukwa cha tchire lija? Kalimeni! Likundichititsa manyazi."

Pepala panalibe. Mboni zinali ine ndi tambalayo, ndipo tambalayo anadyedwa Lamlungu.

Aaa, koma munda unali uja! Chimanga, nandolo pakati pake, maungu akuyanga pansi, therere kumalire, khobwe. Mbewu zinkabwera ndi anthu a pa basi kuchokera kumudzi, zitamangidwa pakansalu. Amalawi a ku Boitekong ankakwera matekisi awiri Lamlungu kudzafuna nkhwani, amayi ena mpaka kulira ataona nandolo wamuwisi, akuti fungo lake lawakumbutsa amayi awo. Ine Che Bakali anandipatsa mizere isanu ndi umodzi ya mbatata, komabe anayamba akapempha kwa MmaTshepo, ati wobwereka sabwereketsa mwini asanamve.

Tsopano mvetsetsani apa, chifukwa nkhani yonse yagona apa. Kwa Che Bakali munda wobwereka unali ngati mbale ya mnzako: ukadyeramo umatsuka n'kubweza. Chaka chilichonse akakolola, dengu loyamba linkapita kwa MmaTshepo. Kenako ankazula mapesi onse. Ankazula nandolo ndi mizu yomwe. Inu mukudziwa kuti nandolo ukamusiya amaphukiranso n'kubereka koposa chaka chachiwiri, koma iwo ankati nandolo akagona chaka m'munda amayamba kudziona ngati mtengo, ndipo mlendo sabzala mtengo. Mizere ankaigumula, n'kusalaza munda wonse mpaka kukhala ngati bwalo. Mpanda sanamange. Ng'ombe za eni zikamabwera ankaima okha padzuwa kuziingitsa ndi kamtengo. Ngakhale kachisakasa kousamo ankakamanga ndi mapesi, n'kukaphwasula pamodzi ndi zina zonse. Akamaliza ankasamba, n'kupita kukakhala pansi pakhomo paja.

"Mma, munda wanu uja ndabweza."

Okutobala akafika, mitambo itayamba kusonkhana, ankagwiranso tambala wina kukapempha munda womwewo, ngati sanauonepo chibadwire.

"Rra Bakali, nkhuku zanu zanditopetsa," ankatero mayiwo. "Kodi munda umenewu mumaubweza kuti ine ndiusunge pansi pa bedi?"

Iwo ankangomwetulira. Ankakonda mwambi uja woti mlendo ndi mame, n'kuwonjezera okha kuti mame abwino ndi amene akakamuka sasiya banga pansalu ya mwini. Ine ndinkawayankha kuti mame a zaka makumi anayi si mamenso ayi, limenelo ndi dambo, ndipo dambo limakhala ndi dzina. Ankati Mngoni wayamba.

Nthawi yonseyi nyumba zinkabwera. Sizibwera ndi phokoso, nyumba. Chaka chino ukuona zikhomo zokhala ndi tinsalu tofiira m'munda wa uje. Chaka chamawa pali ngalande. Chaka chinacho pali nyumba makumi angapo zofanana ngati mazira, ana akusewera mpira pamene panali mapira. Shafuti yatsopano ikatsegulidwa, anthu amabwera, ndipo anthu amafuna pogona. Zimenezo sindikutsutsa, inenso ndinabwera choncho. Koma ine nkhawa zinkandigwira ndikamaona malata akunyezimira pafupi kuposa chaka chatha. Ndinkadzuka nazo, kudya nazo. Che Bakali ankangolima.

Pafupi nafe pankalima bambo wina wa ku Mozambiki, a Sitoe. Munda wawo unali wosasamalika, udzu kutalika kuposa chimanga, koma anali atautchinga ndi mawaya a mabedi akale ndi malata adzimbiri, ndipo pakona panali mtengo wa mabulosi. Iwowa ndi amene anandiuza kuti anthu oyeza malo akabwera, amalemba okhawo amene ali ndi chooneka: mpanda, mtengo, thanki ya madzi. Olembedwawo amapatsidwa malo ena olima kutsogolo. Osalembedwa, basi.

Ndinakauza Che Bakali. Anati amva. Ndinawauzanso mawa lake. Anati amva kale dzulo. Ndinawauza mwezi wathunthu, mpaka anati makutu awo akufuna tchuthi.

Ndiye ndinachita zanga. Mayi wina wa ku Lefaragatlha amene ndinkamudulira udzu anandipatsa mbande ya pichesi, yofika m'bondo. Lachisanu masana, Che Bakali ali ku mzikiti, ndinalowa m'munda. Chimanga chinali chitamasula ngayaye, chotalika kundiposa. Ndinakumba pakona ya kumadzulo, mkatikati mwa mapesi, ndinathira manyowa, ndinabzala, ndinathirira, ndinafufuta ngakhale mapazi anga. Ndinati pofika nthawi yokolola udzakhala utagwira, ndipo munthu wamtima ngati uja sangaphe chinthu chamoyo.

Loweruka m'mawa, ndikumwa tiyi pakhomo pa kachipinda kanga, ndinaona Che Bakali akubwera pakati pa msewu, atasenza ndowa ya penti pamutu, masamba a pichesi akugwedezeka pamwamba pa kachisoti. Anthu a m'misewu iwiri anali atatuluka kudzaonerera. Anaitula pamapazi panga pang'onopang'ono, ngati muli mazira.

"A Ngozo, mwana wanu uyu anasochera m'munda mwa eni. Ndakubweretserani."

"Mwazula?"

"Ndakumba. Palibe muzu umene waduka, onani nokha."

Ndinaimirira, tiyi n'kutayika. "Che Bakali, kumaso kwanuko ndi maso kapena mabatani? Nyumba zija simukuziona?"

"Ndikuziona. Zili pa mapazi mazana awiri."

"Mapazi ati?" ndinafunsa.

"Titayamba kulima anali mapazi chikwi ndi kanthu," anatero. "Chaka chatha anali mazana anayi. Ndimawerenga m'mawa uliwonse. Inu mumakhala mukuyankhula."

Ndiye kuti milomo ija sinkapemphera. Zaka zonsezo munthu ankayenda pambali panga akuwerenga imfa ya munda wake, phazi ndi phazi, osandiuza.

"Nanga mukudikira chiyani?" ndinakuwa. "Inu ndi ine kulemba sitidziwa bwino. Mtengo ndiye siginecha yathu! Akabwera aone kuti pano pali munthu!"

"Ndi zomwezo. Siginecha pa chinthu cha mwini ndi kuba."

"Kuba chiyani? Tchire limene munalipeza likulira nkhandwe?"

"Mayi uja anandipatsa ndi pakamwa, osandifunsa pepala, osandifunsa kuti kwanu n'kuti. Inu mukufuna ndimuthokoze pomukhomera chikhomo changa m'munda mwake, iye ali kunyumba osadziwa? Munatsala pang'ono kundisandutsa mbala nditakalamba kale. Mampara!"

Ananena motsitsa, koma msewu wonse unamva. Kenako anatembenuka kupita kwa MmaTshepo kukapepesa mlandu umene sanapalamule. Ndinawatsatira ndikulalata kumbuyo.

Mayiwo nthawi imeneyo anali atayamba kudwala miyendo, atakhala pampando pakhonde. Atamva anagwedeza mutu.

"Rra, mnzanu waphokosoyu akunena zoona. Bzalani. Bzalani khumi. Ine ndikupita, ndipo ana anga amakhala kutauni, sadzakudziwani."

"N'chifukwa chake sindingabzale, Mma. Inu mukapita, iwo adzapeza mitengo ya Mmalawi m'munda mwa mayi wawo, ndipo adzati anadyera mayi wamasiye masuku pamutu. Ife kuno dzina lathu ndi limodzi. Mmodzi akaba, taba tonse."

"Ndinu ouma mutu ngati malemu amuna anga," anatero mayiwo. "Chabwino. Koma nkhuku ya chaka chino ikhale yonona."

Sitinayankhulane milungu itatu. Mbatata yanga ankaipalira okha osandiuza.

MmaTshepo anamwalira patapita chaka ndi miyezi. Che Bakali anapitiriza mwambo wawo kwa Tshepo, mwana wamkulu, bambo wa ntchito yake kutauni amene ankabwera mwa apo ndi apo. Tshepo ankalandira dengu mwaulemu, n'kuliika m'galimoto, koma ndinkaona kuti sakumvetsa chimene mkuluyu akubweza. Sindimuda. Iye anakulira m'nyumba ya magetsi.

Oyeza malo anabwera kumapeto kwa Ogasiti, mwezi wa mphepo, fumbi la pa milu ya mgodi likulowa mpaka m'mano. Mukanakhala inu mukanasankha mwezi uti woipa kuposa umenewo? Mu Febuluwale akanasochera m'chimanga. Koma anabwera Che Bakali atangomaliza kusalaza. Mapazi anali atatsala makumi anayi.

Wolemba maina anali mayi wachitsikana wovala chovala chachikasu chowala, atanyamula kakompyuta kam'manja kokhala ndi chithunzi cha minda yonse chojambulidwa kuchokera kumwamba. Anali waulemu, zimenezo ndinene. Anayambira kwa a Sitoe. Anaona mawaya a mabedi, anaona mabulosi, analemba dzina. Kenako anafika kwa ife, nalonjera Che Bakali kuti Ntate, ndiye kuti bambo.

"Ntate, akuti inunso mumalima kuno. Ndionetseni."

Che Bakali analoza. Kuyambira apa mpaka apo, kuchokera pamwala uwo kubwera kuno. Mayiyo anayang'ana pansi, anayang'ana pa chithunzi chake, anayang'ananso pansi. Dothi lakuda losalala, lopanda ngakhale phesi limodzi.

"Mpanda uli kuti, Ntate?"

"Palibe."

"Mtengo? Thanki? Kanyumba kosungiramo makasu?"

"Palibe, mwanangu."

"Chabwino. Munda uwu ndi wanu?"

"Ayi. Ndi wa malemu MmaTshepo."

"Koma pakali pano uli m'manja mwanu? Ndinu amene mukuugwiritsa ntchito?"

"Ayi. Ndinabweza mwezi watha. Ndidzapemphanso mu Okutobala."

Ine ndinalumpha. Ndinakuwa m'Chitswana changa chothyokathyoka, m'Chizulu, m'chilankhulo cha pansi pa mgodi, mpaka m'Chichewa chimene mayiyo sankamva. Ndinamuonetsa zikhatho za Che Bakali, zolimba ngati chikopa cha ng'ombe. Ndinafukula dothi ndi manja kuti aone manyowa a zaka makumi awiri. Ndinati funsani mudzi wonse amene amadya maungu a pano!

Mayiyo anandiimitsa ndi dzanja, nasendera pafupi ndi Che Bakali, natsitsa mawu.

"Ntate, ndikukhulupirirani. Koma pepala langa likufunsa funso limodzi: kodi lero mundawu uli m'manja mwanu? Mungoti inde, ine ndilembe. Inde basi."

Ndinawagwira mkono. Ndinawapempha, ine Ngozo, amene sindinapemphepo ngakhale kapitawo wa mgodi. "Achimwene, inde yekha. Mawu amodzi. Mulungu amva kuti ndi ine ndakukakamizani."

Anayang'ana munda nthawi yaitali. Milomo inkanjenjemera, ndipo ulendo uno sankawerenga.

"Lero suli m'manja mwanga," anatero. "Ndinabweza."

Mayiyo anapumira m'mwamba, nalemba. Ndinamufunsa chimene walemba. Anati walemba kuti malo osalimidwa.

A Sitoe anapatsidwa malo ena kutsidya kwa kaphiri. Banja la MmaTshepo linavomera kuti mundawo ulowe m'mapulani a nyumba, poti pa pepala unali wogonera. Ife tinabwerera ku tizipinda tathu, mphepo ikutithira fumbi.

Zikhomo anazikhoma mwezi wotsatira, koma omanga anachedwa. Okutobala atafika, Che Bakali anagwira tambala. Tshepo kunalibe, ndiye anamuimbira foni tambalayo ali m'khwapa. Tshepo anati limani mpaka abwere, koma tsiku lake iye salidziwa.

Chaka chimenecho sindidzachiiwala. Tinalima pakati pa zikhomo. Che Bakali sanasunthe ngakhale chimodzi. Ankapalira mozungulira ngati ndi mbewu, kansalu kofiira kakagwa ankakamangiriranso. Ine ndinkafuna kuzizula zonse ndikaponye m'chimbudzi, iwo anati zikhomozo nazonso ndi za eni. M'mawa uliwonse tinkaima kaye kumvetsera. Lole iliyonse yolira patali, ife makasu m'mwamba, kuyang'anana. Kodi ndi katapila, chigalimoto chokumba dothi chija? Chimanga chikumera, tikumvetsera. Chikumasula, tikumvetsera. Che Bakali anayamba kutsokomola kwambiri, chifuwa chija cha fumbi la mgodi chimene tonse tili nacho, ndipo chakudya chinasiya kulowa. Ndinkawauza kuti tithyole chachiwisi tisanataye zonse. Ankati chimanga sachithamangitsa.

Mulungu anatichitira chifundo, chimanga chinauma ndipo tinakolola. Nandolo yekha ndiye anali asanakhwime pamene woyang'anira omanga anabwera Lachinayi kudzatiuza kuti Lolemba katapila alowa.

Loweruka ndinawapeza ali m'munda, akuzula nandolo wamaluwa, akugumula mizere. Ankamenya khasu katatu, n'kuima kutsokomola, n'kumenyanso.

"Mukutani?"

"Ndikusalaza."

"Mukusalazira katapila? Chitsulo chija chikudzakumba pano mpaka m'chiuno, inu mukuchiyalira mphasa?"

"Katapila sanandibwereke munda. Anandibwereka ndi MmaTshepo. Ndinaulandira wosalala."

"MmaTshepo ali m'manda!"

"Ndiye simukuona kuti sangabwere kudzandikumbutsa? Ndiyenera kukumbuka ndekha."

Ndinawatukwana. Ndinatukwana Mangochi yense ndi mapiri ake. Kenako ndinawalanda khasu, chifukwa chifuwa chinali chitawagwetsa pansi, ndipo ndinagumula mizere yotsalayo ine, masiku awiri, ndikutukwanabe. Iwo atakhala pamwala ankangondilozera pamene ndasiya chibuma. Lamlungu madzulo anasamba, navala mkanjo, nasenza dengu kupita pakhomo paja. Nyumba inali yokhoma. Anavula majombo, anakhala pansi, nauza chitseko kuti munda wanu uja ndabweza, zikomo. Dengu analisiya pakhonde.

Sanagwirenso khasu. Anakhala chaka ndi miyezi ingapo m'kachipinda kawo, akumka nachepa. M'mawa ankavalabe majombo n'kukhala nawo pabedi.

Kutatsala milungu iwiri kuti amwalire anandiuza chimene sanandiuze zaka zonsezo. Ali mwana, mayi awo anabwereka mlendo wina gawo la munda wawo wa kudimba. Mlendoyo anabzalamo mango atatu, ati a mthunzi chabe. Mango atakula, mlendo anakana kuchoka. Mlandu utapita kubwalo, oweruza anafunsa kuti mitengoyi anabzala ndani, ndipo dimba linapita. Mayi awo ankadutsa pamenepo popita kumadzi atatembenuzira nkhope kumbali mpaka imfa yawo. Che Bakali anati tsiku limene anaona pichesi wanga pakati pa chimanga, anaona nkhope ya mayi awo.

"Bwanji simunandiuze?" ndinafunsa.

"Munandipatsa mpata liti?"

Anaseka, kuseka n'kusanduka chifuwa. Chitadutsa anandifunsa ngati mtengo uja ndikuuthirira.

Ndikuuthirira. Apa ndiye pamene pandivuta kulemba. Pichesi uja akadali mu ndowa ya penti pakhomo pa kachipinda kanga. Wapinimbira, thunthu lake ndi ngati chala chachikulu, mizu yaboola pansi pa ndowa ndipo mwezi uliwonse ndimaisuntha kuti isagwire dothi. Mwezi uno wachita maluwa. Zaka zonsezi ine, amene ndinakuwa mpaka misewu iwiri kutuluka, sindinaubzale. Bwalo limene ndikukhalali ndi la eni. Kangapo ndakumbapo dzenje, n'kulikwiriranso. Ndimati ndikagwira ndowa ija ndimamva mawu apansipansi aja kumbuyo kwanga.

Ananditembenuza kapena anangondiopseza, sindikudziwa. Mpaka lero ndimati analakwa. Akanangoti inde, bwenzi ali ndi mizere yawo kutsidya kwa kaphiri, mwina bwenzi ali moyo, ndipo dzulo bwenzi kulibe sadaka. Koma ndikafuna kuwatchula chitsiru, lilime limakana.

Lero m'mawa ndinapita kukaona malo aja. Ndinavutika kuwapeza. Munthu wina akanasiya chitsa, kapena waya, kapena dzenje; Che Bakali sanasiye choti n'kugwirapo. Ndinachita kuima moti nsanja ya shafuti ikhale kumanzere, kaphiri kutsogolo, monga tinkaonera tikamapuma. Pamene panali therere pali msewu. Pamene panali mbatata yanga pali chimbudzi cha munthu. Nyumba zili m'mizere yowongoka bwino, zokhala ndi manambala pazitseko.

Mayi wina amene ankayanika zovala anandiona ndikuzungulirazungulira.

"Ntate, mukufuna nyumba ya ndani?"

"Ndikufuna munda wa Che Bakali."

"Munda? Kuno kunalibe munda, Ntate. Tisanabwere ife kunali tchire lokhalokha. Anatiuza choncho."

Ndinatsegula pakamwa kuti ndikuwe. Koma ndinangomuuza kuti akadzabzala maungu kuseri kwa nyumba yakeyo adzadabwa.

Ndinayenda mpaka nyumba yomaliza, ndipo ndisanazindikire milomo yanga inali itayamba kugwedezeka. Kuchokera pamenepo kukafika pa mawaya a mabedi a munda watsopano wa a Sitoe ndi mapazi mazana atatu. Sindinawauze.

Pobwerera ndinaona kuti pakona ya kumadzulo, pomwe ndinabzala pichesi, patsala puloti imodzi yosamangidwa. Mwini wake sanabwerebe. Pali zikhomo zinayi, tinsalu take tayera ndi dzuwa. Pakati pake palibe udzu, palibe phesi, palibe chibuma. Dothi lakuda lokhalokha, losalala, lang'ambika ming'alu kudikira mvula, ndendende monga ankalisiyira chaka ndi chaka akabweza. Mitambo yayamba kusonkhana kuseri kwa kaphiri. Okutobala ali pafupi, ndipo palibe amene akubwera ndi tambala m'khwapa.